Mwini filimu ndani? Zomwe mabuku a kuseri kwa kamera amaulula

Ife amene tinakulira m'mavidiyo shoo a pa Kasungu boma tinali ndi lamulo limodzi losakayikitsa: mwini filimu safa. Amuwombere, amuponye kuphompho, amumange ndi unyolo m'nyumba yomwe ikuyaka moto, ife pa benchi phee, podziwa kuti adzuka basi. Chipinda chake chinali cha mdima, chinsalu chakuda pakhomo, sipika ili panja kuti odutsa azimva zibakera, jenereta ikulira kuseri. Ukalowa mochedwa, funso kwa woyandikana naye linali limodzi: "Mwini filimu ndi uti?" Akakulozera, nkhani yonse waitola.

Zinanditengera zaka, komanso mabuku angapo ogula pa kaunjika ku Lilongwe, kuti ndizindikire kuti munthu tinkamutcha mwini filimu uja kawirikawiri amakhala waganyu. Waganyu wolemera, inde, koma waganyu ndithu. Mwini wake weniweni saoneka pa sikirini. Dzina lake limadutsa m'zilembo zoyambirira zija, zomwe wa vidiyo shoo ankazithamangitsa ndi rimoti kuti asataye mafuta a jenereta.

Alipo mabuku ambiri, ochuluka a Chingerezi, omwe safotokoza nkhani ya m'filimu koma nkhani ya filimuyo: ndalama zinachokera kuti, anakangana ndani ndi ndani, mvula inadya masiku angati, anadula chigawo chomwe dayirekita ankachikonda ndani. Ena analemba ndi anthu a m'kati momwemo, ena atolankhani omwe analoledwa kukhala pakona n'kumaonerera, ena aphunzitsi a ku yunivesite. Ukawerenga anayi asanu umayamba kuona kuti onse akuzungulira pa mafunso omwe mlimi wa fodya wa ku Chamama kapena ku Santhe amawadziwa kale. Walima ndani? Zipangizo wabwereketsa ndani? Njira ya kumsika ili m'manja mwa yani? Nanga kabuku ka ngongole akusunga ndani?

M'zaka za m'ma 1930 ndi 1940, makampani asanu a ku Hollywood, omwe ndi MGM, Paramount, Warner Bros., 20th Century Fox ndi RKO, ankayenda ngati maesiteti. Chilichonse chinali m'mpanda mwawo: malo ojambulira, makamera, matelala, akalipentala, ngakhale olemba nkhani, omwe ankalowa mu ofesi m'mawa ngati makalaliki. Ochita zisudzo ankasaina kontirakiti ya zaka 7. Kampani inkatha kukusintha dzina, kukusankhira filimu, kukubwereketsa ku kampani ina n'kudya yokha za pamwamba. Ukakana gawo lomwe wapatsidwa ankakukhazika pansi popanda malipiro, ndipo miyezi yomwe wakhalayo ankaiphatikiza kumapeto kwa kontirakiti, moti zaka 7 zija zinkangotamuka ngati mphira. Mayi wina wa zisudzo, Olivia de Havilland, anatopa nazo. Anasumira Warner Bros. mu 1943, ndipo mu 1944 khoti la ku California linagamula kuti zaka 7 ndi zaka 7 za pa kalendala, osati za m'kabuku ka bwana.

Komabe mphamvu ya makampaniwa sinagone pa makamera. Inagona pa nyumba zoonetsera kanema. Anali ndi maholo awoawo m'mizinda ikuluikulu, ndipo mwini holo woima payekha akafuna filimu imodzi ya katswiri wotchuka ankauzidwa kuti atenge mtolo wonse, zabwino ndi zosasangalatsa zomwe, zina asanazione n'komwe. Mukukumbukira wagolosale uja wokana kukugulitsani shuga pa nthawi yosowa pokhapokha mugulenso sopo? Ndi momwemo. Boma la America linawasumira, ndipo mu 1948 khoti lalikulu la dzikolo, pa mlandu wodziwika ndi dzina la Paramount, linathetsa mchitidwewu, makampaniwo n'kukakamizika kulekana ndi maholo awo. Wailesi ya kanema itayamba kulowa m'makomo, maesiteti aja anagwedezeka. Ochita zisudzo anakhala oima paokha, olembedwa filimu imodzi imodzi, ndipo pakati pawo ndi makampani panamera ma ejenti okambirana mitengo.

Mpanda unagwa, koma kabuku kanatsala. Apa ndipo pandikoka kwambiri, ndiye mundilole ndichedwepo.

Munthu akagula tikiti, pafupifupi theka la ndalamayo limatsala kwa mwini holo. Zotsalazo zimapita ku kampani yogawa filimu, yomwe nthawi zambiri ndi yomweyo inapereka ndalama zopangira. Filimu iliyonse imakhala ndi akaunti yakeyake, ngati kuti ndi munthu wobwereka. Kampani imayamba yadzilipira yokha chifukwa chogawa filimuyo, pafupifupi gawo limodzi mwa magawo atatu a zomwe zalowa. Kenako imachotsa za malonda a pa wailesi ndi zikwangwani. Imachotsanso ndalama yoyendetsera maofesi ake, yowerengedwa ngati peresenti, osati zomwe zinagwiradi ntchito. Pamwamba pake imaika chiwongoladzanja pa ndalama yomwe inadzibwereketsa yokha. Akatswiri akuluakulu, omwe ali ndi mphamvu zokana, amasaina kuti gawo lawo lichokere pa ndalama zolowa zisanadulidwe, zomwe m'makontirakiti amati gross. Ena onse, monga wolemba nkhani, amalonjezedwa gawo la phindu lotsala, lomwe amati net. Ndipo kutsala sikutsala.

Buku la Fatal Subtraction, lomwe linatuluka mu 1992, analemba ndi loya Pierce O'Donnell pamodzi ndi mtolankhani Dennis McDougal, ndipo likufotokoza mlandu wa filimu yomwe ambiri kuno tinaionera, Coming to America ya Eddie Murphy ya 1988. Mlembi Art Buchwald anasumira Paramount ponena kuti maziko a nkhaniyo anali ake, ndipo mu 1990 woweruza anamuvomereza. Itafika nthawi yolipira, kampani inati filimuyo, yomwe inalowetsa madola opitirira 280 miliyoni padziko lonse, sinapange phindu. Woweruza atasanthula kawerengedwe kake anati mbali zingapo za kontirakitiyo zinali zopondereza moti khoti silingaziyikire kumbuyo.

Nkhaniyi ndinawafotokozera amalume anga, omwe anakhala tenanti zaka zambiri pa esiteti ina cha kumadzulo kwa boma lino. Anaseka mpaka kutsokomola.

"Mphwanga, zimenezo mpaka ukaziwerenge m'buku? Ife tinkaziona chaka ndi chaka. Chimanga cha pamwezi alemba. Feteleza alemba. Khasu alemba. Mwana akadwala, mapiritsi alemba. Fodya wasoka ndiwe, wapachika m'chigafa ndiwe, wadinda mabelo ndiwe. Ku okushoni apita okha. Pobwera akutsegulira kabuku, akuti watsala ndi ngongole."

"Nanga osapempha kuona mapepala a ku okushoni bwanji, amalume?"

Anandiyang'ana ngati ndafunsa zachibwana. "Ukapempha mapepala, chaka chamawa ukalima kuti?"

Ndi chifukwa chomwechonso milandu ngati ya Buchwald imachepa. Iye anali wachikulire, wotchuka kale ndi zolemba za m'nyuzipepala, wosadalira Hollywood pa nsima yake. Mlembi wachinyamata wofuna ntchito ina mawa amangomeza malovu.

Ndisanamizire mbali imodzi. Woika ndalama naye amagona tulo tochepa, chifukwa filimu si chimanga choti ukathira feteleza pa nthawi yake ungayerekeze ngolo zomwe ukolole. William Goldman, mlembi wa mafilimu yemwe anapata ma Oscar awiri (mphoto zapamwamba za mafilimu ku America), anatulutsa Adventures in the Screen Trade mu 1983, ndipo mfundo yake yotchuka ndi yakuti mu bizinesi imeneyi palibe ndi mmodzi yemwe amadziwiratu chomwe chidzagulidwe. Star Wars, yomwe inatuluka mu 1977 n'kusintha bizinesi yonse, makampani a United Artists ndi Universal anali ataikana. Mbali inayi kuli Heaven's Gate ya 1980. Dayirekita wake, Michael Cimino, anali atangopata Oscar, ndiye aliyense ankaopa kumuletsa. Ankabwereza chigawo chimodzi kambirimbiri, kugwetsa nyumba zomangidwa kale kuti msewu ukule, kudikira mtambo woyenera antchito mazana ali chikhalire, malipiro akuwerengeka. Bajeti yomwe inayambira pa madola pafupifupi 11 miliyoni inakathera cha pa 44 miliyoni, ndipo ku America filimuyo sinabweze ngakhale 4 miliyoni. Mu 1981 United Artists, kampani yomwe Charlie Chaplin ndi anzake atatu anayambitsa mu 1919 kuti amisiri adzilamulire okha, inagulitsidwa ku MGM. Steven Bach, mmodzi wa mabwana omwe anavomereza ndalamazo, analemba zonsezi m'buku la Final Cut mu 1985. Ukamaliwerenga umamva ngati ukuonerera ngolo ikutsetsereka, aliyense akudikira mnzake kuti agwire ng'ombe.

Pali chinthu china chomwe pa benchi paja sitinkachiganizira: zomwe timaona ndi kachigawo kochepa ka zomwe zinajambulidwa. Walter Murch, mmodzi wa omwe analumikiza zithunzi za Apocalypse Now, akuti m'buku lake In the Blink of an Eye anali ndi maola oposa 230 a zojambula, oti atulutsemo filimu ya maola pafupifupi awiri ndi theka. Pa mphindi iliyonse yomwe inafika kwa woonera, mphindi 95 zinatsala. Amene anakhalapo pansi n'kumasankha fodya tsamba ndi tsamba, ili la giredi iyi, ili lowauka, ili lotaya, akudziwa kuti mtengo wa belo umapangidwira pamenepo. Wodula zithunzi angathe kusandutsa munthu wamantha kukhala wolimba mtima pongochotsa masekondi awiri omwe anaphethira. Choncho funso lakuti womaliza kudula ndani ndi nkhondo yaikulu m'makontirakiti. Lillian Ross, mtolankhani wa magazini ya The New Yorker, anatsatira dayirekita John Huston kuyambira pa mapulani mpaka kumapeto a The Red Badge of Courage ya 1951. Anthu oyamba kuionetsedwa mongoyesa sanaikonde. Huston atanyamuka kubwera kuno ku Africa kudzajambula The African Queen, mabwana a MGM anatsala akuidula mpaka inafika mphindi 69, n'kuikamo mawu a wofotokoza. Buku la Ross, Picture, la 1952, ndimalikonda chifukwa saweruza aliyense. Amangolemba zomwe anthu ananena m'maofesi, iwe wekha n'kumaona mmene aliyense akudzitchinjirizira.

Mabukuwa musamawameze osatafuna. Bach akulemba ngati munthu wodziwa kuti naye ali ndi mlandu, ndiye zina amazipeputsa. Katswiri akalemba za moyo wake, olakwa amakhala ena. Easy Riders, Raging Bulls ya Peter Biskind, ya 1998, ndi yokoma kuwerenga, koma angapo mwa omwe akutchulidwamo anaikana poyera. Hollywood Babylon ya Kenneth Anger yokha ndi miseche ya pachitsime, ndipo nkhani zake zambiri ofufuza anazipeza kuti n'zabodza. Ine ndimayamba ndafunsa kuti wolembayu anali pa mpando uti, nanga akuteteza chiyani.

Mwina wina akuti izi n'za Azungu, ife zikutikhudza pati? Timo tili, kungoti timapezeka m'mabuku olembedwa ndi eni lole, osati ndi amene anakhala pa fumbi n'kumaonera. Pakati pa 1935 ndi 1937 panali ntchito yotchedwa Bantu Educational Kinema Experiment, ya ndalama za Carnegie Corporation, yomwe inajambula mafilimu 35 ku Tanganyika n'kumayenda nawo pa lole mpaka ku Northern Rhodesia ndi Nyasaland. Mawu ofotokoza ankawaika pa mbale za galamafoni m'zilankhulo zosiyanasiyana, Chinyanja chili momwemo. Oyendetsa ntchitoyo, L. A. Notcutt ndi G. C. Latham, analemba buku lawo The African and the Cinema mu 1937. Kuyambira 1948 mpaka 1963 kunabwera Central African Film Unit, ya likulu ku Salisbury (Harare ya lero), yopangira mafilimu anthu akuda a ku Southern Rhodesia, Northern Rhodesia ndi Nyasaland. Kapangidwe kake kanali kodziwikiratu: bambo wanzeru amamvera mlangizi n'kulemera, bambo wopusa amakakamira zamakolo n'kusauka. Opangawo ankakhulupirira kuti munthu wakuda sangatsate chithunzi chothamanga. James Burns, m'buku lake Flickering Shadows la 2002, akuonetsa kuti oonera sanali ogona: ankaseka pomwe Mzungu sanafune kuti aseke, ndipo pa nthawi ya chitaganya cha maiko atatuwa anthu ena ankakana magalimoto a kanemawo powaona ngati mlomo wa boma.

Chomwe chimandisangalatsa n'chakuti pa makanema ena a pa lolewa panali munthu amene ankaima pambali pa nsalu yoonetsera n'kumafotokoza m'chilankhulo cha anthu. Mzungu wa lole sankamva zonse zomwe akunena, ndiye usiku umenewo mwini nkhani ankakhala wofotokozayo. Anyamata a masiku ano omwe amalowetsa mawu a Chichewa pa mafilimu a ku China ndi ku India, n'kumutcha msilikali wa ku Shanghai dzina la kwathu, akuyenda m'mapazi ake, kaya akudziwa kaya ayi.

Hortense Powdermaker ndi mayi wofufuza za chikhalidwe cha anthu yemwe anachita zodabwitsa. Anakakhala ku Hollywood n'kumawafufuza anthu a mafilimu monga momwe anzake ankafufuzira mitundu ya kutali, natulutsa Hollywood, the Dream Factory mu 1950. Kenako mu 1953 anabwera ku Luanshya, ku migodi ya kopa komwe agogo athu ambiri ankapita podutsa ku Fort Manning, komwe lero timati Mchinji. M'buku la Copper Town la 1962 akufotokoza kuti anthu a m'makomboni sankafuna za bambo wanzeru zija. Ankafuna makaubowi, ndipo ngwazi ya filimu iliyonse, kaya ndi ndani, ankaitcha Jack. Mwini filimu wathu uja ali ndi agogo ake.

Titalandira ufulu njira sinatseguke. Lamulo la 1968 linapatsa bungwe la boma lumo lodulira mafilimu ndi mphamvu zoletsa mabuku, ndipo dziko lino linakhala lopanda wailesi ya kanema yakeyake mpaka 1999, Kamuzu, mwana wa kuno ku Kasungu, atamwalira kale. Kumadzulo kwa Africa vuto linali lina koma muzu womwewo. Manthia Diawara, mu African Cinema: Politics and Culture ya 1992, akufotokoza kuti m'maiko olankhula Chifalansa maholo ndi kagawidwe ka mafilimu zinali m'manja mwa makampani awiri a Afalansa, COMACICO ndi SECMA, moti munthu ngati Ousmane Sembène wa ku Senegal ankatamandidwa ku Ulaya pomwe kwawo filimu yake ikuvutika kupeza holo. Anaijeriya anadutsa kuseri. Living in Bondage ya 1992, ya m'Chiigbo, ya ndalama za wamalonda Kenneth Nnebue, sinadikire holo. Inajambulidwa pa vidiyo n'kugulitsidwa pa matepi mumsika. Ndiye mphamvu zinapita kwa eni mashopu a ku Idumota ku Lagos ndi a ku Onitsha, omwe ankapereka ndalama, kusankha ochita zisudzo, ngakhale mutu wa filimu. Mu 2004 iwowa analetsa akatswiri angapo otchuka kugwira ntchito powanena kuti akudula. De Havilland akanamva, akanagwedeza mutu.

Kuno opanga mafilimu alipo, ndipo ena afika patali. Shemu Joyah anatulutsa The Last Fishing Boat mu 2012 ndi The Road to Sunrise mu 2017, yomwe inakhala filimu yoyamba dziko lino kutumiza ku mpikisano wa Oscar. Joyce Mhango Chavula anapata mphoto ya Africa Magic Viewers' Choice mu 2016 ndi filimu yake Lilongwe. Kamera lero si vuto lalikulu, foni yabwino imajambula. Koma njira ya kumsika ili kwa mnyamata wa pa benchi ya laputopu, amene amathira mafilimu khumi pa memori khadi pa mtengo wa mandasi ochepa, wopanga filimu osaonapo tambala. Anyamata ofuna kuyamba amakonda nkhani ya Robert Rodriguez, yemwe m'buku la Rebel Without a Crew akufotokoza mmene anajambulira El Mariachi ndi madola pafupifupi 7,000, zina atazipeza podzipereka kuti madokotala ayesere mankhwala pa thupi lake. N'zoona. Chomwe amaiwala n'chakuti filimuyo inafika m'maholo Columbia Pictures itaigula n'kuthirapo ndalama zochuluka kwambiri kuposa pamenepo poikonza ndi kuitsatsa.

Mu 2017 zonse ndinkawerengazi zinabwera pakhomo. Malole a zipangizo anafika ku Wimbe kudzajambula The Boy Who Harnessed the Wind, nkhani ya William Kamkwamba, mnyamata wa komweko amene anapanga makina opanga magetsi ndi mphepo, yochokera m'buku lomwe analemba ndi Bryan Mealer mu 2009. Dayirekita anali Chiwetel Ejiofor wa ku Britain, yemwenso anasewera ngati bambo ake a William. Gawo la William mwini wake anasewera ndi Maxwell Simba wa ku Kenya, ndipo Lily Banda wa kuno anali mlongo wake. Itatuluka pa Netflix pa 1 Malichi 2019, Amalawi tinakangana kwambiri za Chichewa cha alendowo, ndipo kunena zoona pena chimapweteka khutu. Koma nkhani ya kabuku ndi ochepa anaifunsa. Mwana wake wa ku Wimbe, njala yake ya 2002 yomwe inatipha ife tomwe, chilankhulo chake chathu, Gule Wamkulu wathu. Ndalama zinachokera ku mabungwe monga BBC Films, BFI (bungwe la za mafilimu la ku Britain) ndi Participant Media, ndipo ku mpikisano wa Oscar filimuyo inapita m'dzina la United Kingdom. Palibe anaba kanthu. Malamulo ake ndi otero: filimu imatenga mtundu wa amene anaipanga.

Mayi ena a cha komweko, omwe analembedwa nawo kuti akhale m'chikhamu, anandisimbira za tsiku lawo. Anawaveka zovala zakutha, n'kuwauza poyambira ndi pothera. Ayende. Aime. Abwerere pomwe anayambira. Ayendenso. Kuyambira m'mawa mpaka dzuwa kupendeka, kwambiri kunali kudikira, anthu a mawaya m'makutu akuthamangathamanga, wina akuyang'ana kumwamba kuti mtambo uchoke.

"Poyamba tinkaseka, mwananga," anatero. "Koma atatiuza kuti tichite ngati tili ndi njala, ena a ife tinangoti zii. Sizinafunike kutiphunzitsa."

Filimuyo anadzaionera patapita nthawi pa foni ya mdzukulu wawo, kuchokera pa memori khadi, anthu asanu ndi mmodzi ataunjikana pa kasikirini kamodzi. Anaibweza kanayi pamalo omwe ankati alipo. Pa ulendo wachinayi mdzukulu anaimitsa chithunzi, n'kuloza pakona ndi chikhadabo. Panali mpango wawo, ndi theka la phewa.